Woyatsa Moto wa a Nalandasi

Sadzi, Zomba
Lachitatu m'mawa

Okondedwa achimwene a Tobias,

Landirani moni m'dzina la Ambuye, inu ndi alamu anga a Elizabeth pamodzi ndi ana. Kaya mwadzuka bwanji ku Germiston uko? Nanga bondo lija linaleka kuvuta, kapena mukungoluma mano monga mwa chizolowezi chanu? Ife kuno tilipo. Alamu anu a Hamilton shuga wawo watsikako, Sheila ali bwino, ine ndi msana womwe uja. Chisanu chokha ndicho chatizunza chaka chino, chiperoni chikutsika m'phiri tsiku ndi tsiku.

Musadabwe kuti ndalemba kalata m'malo moimba foni. Ndimakudziwani. Ndikangotchula dzina la munthu amene ndimutchule panoyu, mumati netiweki yavuta, kenaka foni zii. Pepala simungalidule pakamwa. Sheila alijambula n'kukutumizirani lero lomwe, ndiye chonde werengani mpaka pamene pali dzina langa.

A Nalandasi atisiya dzulo masana.

Inde, a Nalandasi omwewo, Mmwenye wa sitolo ya nsalu, amene anatipatsa tsitsi ili n'kutimana dzina. Ndinalipo pamene mzimu unkachoka. Ndikudziwa kuti pamenepa mwaimirira kale. Khalani pansi, achimwene, nkhani sinayambe.

Musaganize kuti ndaiwala. Ndikukumbukira ku Songani, mayi athu akupinda nsalu m'sitolo mwawo ife tikusewera pakhonde. Ndikukumbukira boma litalamula kuti Amwenye achoke kumidzi, iwo n'kusamukira m'tauni, n'kukatenga mkazi kwawo ku India, mayi athu n'kutsala akuyanika makaka kuti tidye. Ndikukumbukira tikuima ku khomo la kuseri ngati ogulitsa nkhuni. Zonsezo zili m'mutu mwanga mpaka lero, ndipo sindinazikhululuke zonse ayi.

Koma muyenera kumva mmene ndinafikira pafupi ndi bedi lawo, chifukwa ineyo sindinalote kuti ndidzapondako.

Mlandu wake ndi wa mwana wanga Sheila. Mukudziwa kuti akuchita digiri yachiwiri ku yunivesite. Kafukufuku wake ndi wa anthu obwera kuchokera ku Asia, Ahindu, Asikhi ndi Abuda, mmene asinthira kapembedzedwe kawo chifikireni m'dziko muno. Atandiuza ndinamuseka. Ndinati zaka zonsezi tikumanga lamba kuti uphunzire, mapeto ake ukafunse nkhalamba mmene zimayatsira nyali? Anangoseka. Koma ine ndinadziwa kuti mutu umenewu sanautole panjira. Mwana amadziyang'ana pagalasi.

Anayenda mwanayo. Anapita ku Limbe kwa Asikhi a nduwira aja, akuti kumeneko aliyense wolowa amamudyetsa atakhala pansi, bwana ndi mlonda pamphasa imodzi. Anapita kwa Abuda, akuti anapeza ana a kuno akuimba mapemphero m'Chitchaina. Koma Ahindu okalamba muno m'Zomba atha, ena anamwalira, ena anatsatira ana awo ku Mangalande. Aphunzitsi ake atamuuza kuti apeze wakale amene akukumbukira zonse, panatsala khomo limodzi lokha. Anabwera kudzandipempha chilolezo. Ndinamuuza kuti apite, koma akalowere khomo la kutsogolo.

Ankabwerako ndi nkhani zodabwitsa. Akuti kwawo kuli kamtengo kopatulika kamene Mhindu aliyense amadzala pakhomo, koma ka a Nalandasi kanafa ndi chisanu cha muno, ndiye m'malo mwake anadzala mpungabwi, womwe uja tinkathamangitsira udzudzu. Akuti fungo ndi lapachibale, Mulungu wawo sangadandaule. Wansembe kuno alibe, amapemphera pa foni ndi wina wa ku Durban. Tinyali ta chikondwerero chawo amaumbitsa kwa amayi a ku Songani. Sheila ankalemba zonsezi maso ali gwa, ine n'kumati ndi zamasewera.

Ndiye mwezi wa Malichi kunamwalira gogo wina wa Chihindu ku Blantyre, Sheila n'kupita kukaona mwambo wake. Atabwera anandipeza ndikutsuka mbale. Anayamba kufotokoza kuti kumaliro kwawo savala zakuda. Aliyense amavala zoyera, kuyambira kumutu mpaka kumapazi. Nsapato amavulira kutali. Amuna a m'banja la womwalirayo amameta mpala. Salira mokweza, ndipo nyama sakhudza n'komwe.

Achimwene, mbale inandipulumuka m'manja.

Inu mukudziwa chimene ndinaona. Ndinaona tsiku loika mayi athu ku Songani, a Nalandasi akutsika galimoto atavala zoyera mbee, mutu uli mpala, nsapato atasiya kumsewu. Tonse tili m'zakuda, iwo akuwala ngati mkwati. Sanagwetse msozi. Atawapatsa chakudya cha pamaliro anakana chifukwa munali mbuzi. Anthu anayamba kung'ung'udza kuti Mmwenyeyu wabwera kudzatinyoza. Inu munawafunsa pamaso pa anthu ngati asokera ku ukwati, kenaka munawakankha mpaka kumsewu, nsapato zawo n'kuziponya m'mbuyo mwawo. Mudzi wonse unati mwachita chamuna. Nanenso ndinatero.

Sabata imeneyo chakudya sichinkatsika. Kenaka ndinavala n'kupita ndekha. Ndinawapeza atakhala pampando pafupi ndi mpungabwi wawo uja, ataonda, maso atachita ng'ala. Sindinawapatse moni wautali. Ndinangowafunsa kuti tsiku lija anavaliranji zoyera.

Anayankha m'Chinyanja chawo chokhota chija kuti anabwera kudzalira mkazi wawo. Akuti atabwerera kunyumba anasunga masiku onse amene mwambo wawo umalamula polira wapabanja, akugona pansi, sitolo ili chitsekere, mpaka mkazi wa ku India uja anawakwiyira chaka chathunthu. Ndinawafunsa kuti nanga bwanji sanafotokoze pomwepo. Anati Tobias sanalakwe. Anati munthu wobisa ana ake zaka zonsezo sangayembekeze kuti anawo adziwe tanthauzo la malaya ake.

Sindikunena kuti anali munthu wabwino. Anali wamantha, ndipo mantha awo tinawalipira ndife ndi mayi. Ndinawauza zimenezi pamaso, sanatsutse. Koma tsiku limodzi lokha limene analimba mtima n'kubwera poyera, ndi tsiku limene tinawathamangitsa. Chimenechi chikundidya.

Kuyambira pamenepo ndakhala ndikupitako. Sindinakuuzeni chifukwa ndinadziwa kuti mudula foni. Ndinkawaphikira nandolo wopanda nyama, iwo n'kumadandaula kuti tsabola wachepa. Munthu wovuta pa chakudya ngati inu nomwe.

Pa mafunso a Sheila pali limodzi limene amafunsa aliyense, lakuti muli ndi ana angati. Zomba yonse imadziwa kuti yankho la a Nalandasi linali mmodzi, Hansa, wa kwa mkazi wa ku India uja, amene ali ku Leicester. Tsiku limenelo ine ndinali kukhitchini, chitseko chili pululu. Ndinawamva akuti atatu. Anayamba ndi Tobias. Sheila anawachenjeza kuti zimenezi zilowa m'buku limene anthu adzawerenge, ndipo akhoza kubisa maina ngati akufuna. Anati alembe momwemo, abisa zokwanira.

Mwezi watha anapempha kuti tiwakweze kuphiri. Tinapeza galimoto, ine ndi Sheila n'kuwakhazika pakati. Tinadutsa Ku Chawe, tinadutsa damu, mpaka kuseri, mbali yoyang'ana ku Shire. Kumeneko anatisonyeza kamtsinje kakang'ono. Akuti kwawo phulusa la womwalira amalithira mumtsinje wawo wopatulika. Anzawo oyamba atafika kuno anasowa chochita, ndiye anakhala pansi n'kufunsa kumene madzi a m'phiri lino amapita. Anapeza kuti a mbali ya tauni amathera ku Chilwa, nyanja yopanda potulukira. Koma a kuseri amagwera mu Shire, Shire mu Zambezi, Zambezi m'nyanja yaikulu imene tsidya lake ndi India. Ndiye phulusa la bambo awo ndi la mkazi wawo analithira pamenepo kuti lipeze njira ya kwawo.

Sheila anawafunsa ngati nawonso akufuna pomwepo. Anapukusa mutu. Anati lawo tikalithire mumtsinje wa Songani, kumunsi kwa manda a mayi athu. Sheila anawakumbutsa kuti madzi amenewo sapita ku India, amangothera ku Chilwa. Anati akudziwa.

Ine ndinayang'ana kumbali. Sindinkafuna kuti aone nkhope yanga.

Tsopano ndafika pa chimene ndalembera kalatayi. Mukudziwa kuti Ahindu saika maliro m'manda, amatentha. Ndikudziwa kuti thupi lanu lachita tsembwe, langanso linatero. Koma ndi mwambo wawo, ndipo woyatsa moto amayenera kukhala mwana wamwamuna woyamba. Amasenza mtsuko wa madzi paphewa, amazungulira mtembo, amauswa mtsukowo, kenaka amayatsa. Kwa iwo munthu woyatsidwa ndi mlendo ali ngati kwa ife munthu woikidwa popanda mbale woponya dothi.

Anzawo a ku Blantyre anabwera sabata yatha a Nalandasi akali moyo. Mmodzi anadzipereka kuti adzayatsa iye, monga amachitira ndi okalamba amene ana awo ali kunja. A Nalandasi anakana. Mawu anali atayamba kale kuthawa, koma anati ali naye mwana wamwamuna, ali ku Joni. Anthu aja anayang'anana. Ena ankadziwa, ena anayamba kundiyang'ana tsitsi.

Hansa sangabwere. Impso zinamuvuta, madokotala anamuletsa kukwera ndege. Ndalankhula naye pa foni, Sheila akumasulira. Ndinkayembekeza chipongwe, koma mayiyo anangolira. Akuti ankadziwa za ife kuyambira ali mtsikana, ndipo akupempha kuti achimwene ake abwere. Anatero ndithu, achimwene ake.

Sheila ndiye anafunsa funso limene ndikanakonda akanalimeza. Anafunsa wansembe wa ku Durban uja kuti nanga mwana wamwamuna akakana? Wansembeyo anati kale zinali zosatheka, koma masiku ano m'maiko a kunja ana aakazi akuyatsa, chifukwa mabanja anabalalika. Akuti mwambo umene sungawerame umathyoka. A Nalandasi atamva anandigwira dzanja. Anati Tobias akakana, ayatse Rosebell, koma mlendo ayi. Dzulo akutsirizika anali atandigwirabe dzanja lomwelo, ndipo ndinawauza kuti apite mumtendere, mlendo sadzayatsa.

Ndinalonjeza, achimwene. Ndinalonjeza munthu akufa.

Kuno kwayaka moto wina. Mukudziwa kuti alamu anu a Hamilton ndi mkulu wa mpingo, ndipo ine ndavala yunifomu ya chigwirizano cha amayi chibadwire Sheila. Ndinawauza za lonjezo langali. Anati kupita kukakhuza maliro sandiletsa, maliro n'kulirana. Koma kusenza mtsuko wa milungu ina, n'kutentha munthu ndi dzanja langa, bwalo la mpingo silingalekerere, ndipo iwo amene amakhala pa bwalolo sangandiikire kumbuyo. Anati ndidzadulidwa, yunifomu ndidzabweza, ndipo iwo adzatula pansi udindo chifukwa cha manyazi. Ndinati Baibulo lomwelo limati lemekeza atate ako. Anati limatinso usakhale nayo milungu ina. Tinaponyerana mavesi mpaka tiyi anazizira.

Mawu awo omaliza ndi amene akundiopsa. Anati ndikayatsa moto umenewo, ndisabwere ndi fungo la utsi m'nyumba muno. Sanakweze mawu. Inu mukuwadziwa a Hamilton, akalankhula motsitsa ndiye kuti atsimikiza. Chikwatiraneni sitinagonepo osalankhulana, koma lero m'mawa atuluka osandipatsa moni.

Sindikuwada. Ndi munthu woopa Mulungu, ndipo akuopera mzimu wanga. Nanenso ndikuopa. Ndagwada, ndapemphera, yankho silikubwera loyera. Chimene ndikudziwa n'chakuti sindikapembedza fano lililonse. Ndikaperekeza munthu amene anandibereka, m'njira yokhayo imene iye akuidziwa.

A m'Sadzi nawo ayamba kale. Dzulo pa mpope ena amati Rosebell wanunkhiza chuma cha Mmwenye. Chuma chake chiti? Sitolo inagulitsidwa kalekale, nyumba ndi ya lendi, chimene chatsala ndi mpando ndi mpungabwi. Amayi a chigwirizano abwera awiri m'mawa muno kudzandipepesa, koma maso awo amafunsa zina. Ngakhale Sheila akulira, akuti kafukufuku wake wapasula banja la makolo ake, akufuna kuchotsa mutu wonse wa maliro m'buku lake. Ndamuuza kuti akangoyerekeza ndimukoka makutu. Iye sanalakwe, anangofunsa mafunso amene ife akuluakulu tinkaopa kufunsa.

Tsono onani kusiyana kwake, achimwene. Inu mukayatsa, mudzasamba m'manja n'kukwera basi. Ku Germiston palibe amene adzakufunseni. A Hamilton avomera kuti mukabwera inu, ine ndikhoza kuima pambali ngati wolira wamba, palibe mlandu. Koma ndikayatsa ine, ndidzatsala nawo anthu a kuno moyo wanga wonse. Ntchito imene kwa inu ndi ya m'mawa umodzi, kwa ine ikhoza kunditengera mpingo ndi banja.

Sindikukupemphani kuti muwakonde. Sindikukupemphani kuti muwatchule bambo, inenso liwu limenelo limandivuta kutchula. Mkwiyo wanu ndi woona, munausenza muli mwana, ndipo mbali ina munausenzera ine. Bwerani nawo mkwiyowo ngati simungausiye. Koma chibale ndi fupa, sichiola, ndipo iwo anabwera kumaliro a mayi athu. Anabwera molakwika m'maso mwathu, koma anabwera.

Mwambo wawo sulola kusunga mtembo, koma chifukwa cha inu agwirizana zodikira mpaka Loweruka m'mawa. Thupi alitengera kale ku Blantyre, kumene kuli malo awo otenthera. Kupyola Loweruka sadikiranso. Mukakwera basi ya mawa, Lachisanu mwafika. Musayambe zakuti ndiganize kaye, zengerezu adalinda kwawukwawu.

Akuti tikavale zoyera. Choyera chokha chimene ndili nacho ndi bulauzi ya chigwirizano, ndipo imeneyo sindingaitengere kumeneko, ndingawalase a Hamilton kawiri. Ndiye ndagula nsalu yoyera kumsika, yokwanira anthu awiri. Telala wa pakhonde akusoka diresi yanga ndi malaya anu. Ndamupatsa muyeso wa a Hamilton, n'kumuuza kuti awonjezere pamimba, chifukwa zithunzi zanu za Khirisimasi ndinaziona. Za kumeta musadandaule, mutu wanuwo unayamba kale kudzimeta wokha.

Mtsuko ndaitanitsa kwa owumba a ku Songani, afika nawo madzulo ano. Ndaunyamula kale m'maganizo mwanga, ndipo ukulemera.

Ndinene mosabisa kuti musadzati sindinakuuzeni. Loweruka moto uyaka. Mukabwera, ndidzakupatsani mtsuko n'kuima kumbuyo kwanu. Mukapanda kubwera, ndidzausenza ndekha. Lamulungu lake ndidzakhala pa benchi ya kumbuyo wopanda yunifomu, ndipo sindikudziwa ngati chitseko cha nyumba ino chidzanditsegukira. Koma munthu amene tinamuthamangitsa atabwera kudzalira mayi athu, sapita wopanda mwana wake pafupi. Chimenecho chokha ndakana.

Mundiperekere moni kwa alamu anga a Elizabeth, muwaonetse kalatayi, iwo ali ndi mtima wofewa kuposa wanu. Moni kwa Dan ndi Stacey, muwauze kuti azakhali awo amawakumbukira m'mapemphero. Sheila akupereka moni kwa amalume ake, akuti mumukhululukire. Ambuye akusungeni, akuyendetseni bwino pa Tete ndi pa Mwanza.

Musandiyankhe pa foni, ndingamve mawu amene sindikufuna. Lachisanu ndidzakhala pa depoti ku Blantyre kuyambira masana mpaka basi yomaliza, malaya anu atasitidwa, ali m'jumbo.

Ine mlongo wanu,
Rosebell